Mafunso ndi mayankho: moyo ndi ntchito ya wosewera kumbuyo pa mpira wamiyendo

Awa ndi mafunso amene amabwerabwera kuchokera kwa achinyamata osewera kumbuyo, makolo awo ndi aphunzitsi a matimu ang'onoang'ono. Tayamba ndi za m'bwalo, kenako makontrakiti, kuvulala ndi kupachika nsapato.

Kodi ntchito yeniyeni ya wosewera kumbuyo ndi yotani?

Ambiri amayankha kuti ndi kulanda mpira, koma kulanda kumabwera kumapeto. Choyamba ndi kuima poti womwetsa zigoli asalandire mpira. Akaulandira, asatembenuke. Akatembenuka, alowere kumbali osati pakati. Akafika pomenya, amenye ali patali, ndi mwendo wake wofooka, inu muli pakati pa mpira ndi golo. Kudziponya pansi ndi kwa pamene zonsezi zakanika. Difenda wodziwa ntchito kawirikawiri amatuluka m'bwalo kabudula ali woyera, ochemerera osakumbuka n'komwe kuti anasewera.

Ntchito yachiwiri ndi kuyambitsa mpira. Kuyambira 1992 goloboyi saloledwa kugwira ndi manja mpira umene mnzake wamubwezera dala ndi phazi, ndipo kuyambira 2019 golokiki siyeneranso kutuluka m'bokosi mnzake asanaikhudze. Lero difenda amalandira mpira ali pafupi ndi golo lake, adani awiri akumuthamangira. Wosadziwa kulandira ndi kupatsira ndi miyendo yonse iwiri amatsalira.

Kumbuyoko kuli malo angati, ndipo amasiyana bwanji?

Timu ikaika anayi, awiri amaima pakati, awiri m'mbali. Apakati amalimbana ndi mipira ya m'mwamba komanso womwetsa zigoli wamkulu. Amathamanga makilomita pafupifupi 9 kapena 10 pa masewero amodzi, ndipo mtunda wambiri amauyenda chammbali kapena chafutambuyo. A m'mbali amaposa pamenepo, ndipo kwawo kumachuluka ndi liwiro: kukwera, kuponya mpira m'bokosi la adani, kubwerera. Achraf Hakimi, wakumbuyo kumanja, ndiye anagoletsa chigoli choyamba cha Paris Saint-Germain pa fainolo ya Champions League ya 2025, ali m'kati mwa bokosi la Inter Milan.

Timu ikaika atatu pakati, a m'mbali amakhala ndi mzere wonse okha, kuchokera kona iyi kukafika kona inayo. Kale kunalinso libero, woima kumbuyo kwa anzake onse ngati Franz Beckenbauer. Malowa anatha mphamvu chifukwa munthu wotsalira kumbuyo amaphwanya msampha wa ofusayidi, umene otchinga amautchera pokwera onse pamodzi kuti mdani atsale ali ofusayidi.

Ndine wamfupi. Kodi ndingasewere pakati?

N'zotheka, koma zipata zake n'zochepa. Apakati ambiri m'maligi akuluakulu ndi a mamita 1.85 kupita m'mwamba, ndipo osaka luso ena sayang'ananso kawiri wamfupi. Komabe Fabio Cannavaro, amene anatsogolera Italy kutenga Chikho cha Dziko Lonse mu 2006, ndi wa mamita 1.76, chimodzimodzi Franco Baresi wa AC Milan.

Wamfupi amapambana mpira wa m'mwamba usanafike. Amagunditsa phewa lake kwa mdani kuti asapeze poyambira kuthamanga, amadumpha iye poyamba, ndipo akaona kuti saufikira amangosokoneza kuti mdaniyo asaulunjike. Ngati muli ndi liwiro, yesaninso kumbali, kumene msinkhu safunsa kwenikweni.

Kodi mwana ayambe kusewera kumbuyo ali wamng'ono?

Palibe chothamangira. Mwana wa zaka 10 amene waikidwa kumbuyo chifukwa ndi wamkulu thupi, n'kumangouzidwa kuti “menya kutali”, amafika zaka 17 asakudziwa kulandira mpira. Asewere malo osiyanasiyana mpaka cha m'ma 14 kapena 15. Kolo Touré anafika ku Arsenal mu 2002 akumuika apa ndi apo, ndipo anakhazikika pakati kumbuyo mu 2003. Javier Mascherano anali wapakati pa bwalo mpaka Barcelona inamubweza kumbuyo.

Mdani akubwera ndi mpira, ndatsala ndekha. Nditani?

Thamangani mpira ukadali m'njira, chifukwa nthawi imeneyo mdani sangakuchiteni kanthu. Mukatsala mamita awiri kapena atatu, chepetsani liwiro ndi timasitepe tating'ono. Imani chammbali, phazi limodzi patsogolo, mawondo opinda, thupi litatsamira kuzala osati kuzidendene. Phazi lakutsogololo litseke njira ya pakati, kuti njira yotseguka ikhale ya kumzere kapena ya mwendo wake wofooka. Maso akhale pa mpira. Mapewa ndi miyendo yake zimanama, mpira sunama.

Kenako dikirani. Sekondi iliyonse imene mwamuchedwetsa, mnzanu mmodzi wabwerera. Lowani pamene mpira watalikira phazi lake, kapena pamene wazyolika kuuyang'ana.

Zolakwika zake n'zodziwika. Kufika ndi liwiro lonse: akangoukankhira pambali, mwadutsa. Kuima miyendo yonse pamzere umodzi: mpira udutsa pakati pake ndipo kutembenuka kukutengerani nthawi. Kupingasa miyendo pobwerera: akasintha njira, mwagwa. Cholakwika chachikulu ndi kumangobwerera mpaka m'bokosi. Bokosi limayambira mamita 16.5 kuchokera pamzere wa golo, ndipo mukafika pamzere wake lekani kubwerera, chifukwa m'katimo kukhudza pang'ono kungakhale penate, ndipo mdani wayandikira poti akhoza kumenya.

Ndinayamba kukhudza mpira. Bwanji woimbira anandipatsabe khadi?

Chifukwa lamulo silinena kuti wokhudza mpira poyamba ndi wosalakwa. Woimbira amayang'ana mmene mwalowera. Kulowa mosasamala ndi firikiki chabe. Kulowa mosalabadira kuti mnzanu avulala ndi khadi lachikasu. Kulowa ndi mphamvu yopyola muyeso, monga miyendo yonse iwiri ili m'malere kapena zipolopolo za jombo zitaloza pamsongolo, ndi khadi lofiira, kaya mpira mwaukhudza kaya ayi.

Palinso khadi lofiira la kulepheretsa chigoli choonekeratu. Apa woimbira amayeza zinthu zinayi: kutalika kwa malowo kuchokera pagolo, kumene mpira unkalowera, ngati mdani akanaugwiradi mpirawo, komanso malo ndi chiwerengero cha anzanu otchinga. Kuyambira 2016, mukalakwira m'bokosi mukuyesadi kusewera mpira, chilango ndi penate ndi khadi lachikasu. Mukakoka jezi, kukankha kapena kugwira munthu, lofiira lilipobe. Kunja kwa bokosi kuchepetsa chilango kumeneku kulibe.

Khadi lachikasu la mphindi 20 zoyambirira limakumangani miyendo masewero onse, ndiye musalitaye pa kukangana ndi woimbira. Ngakhale akatswiri anaphunzira movutika: Rigobert Song anatulutsidwa pa Chikho cha Dziko Lonse cha 1994 ali ndi zaka 17, n'kutulutsidwanso pa cha 1998.

Tidziwa bwanji nthawi yokwera ndi nthawi yobwerera?

Yang'anani amene ali ndi mpira. Ngati mnzanu wamupanikiza, kapena wafulatira golo lanu, mzere wonse ukwere. Ngati ali yekha, wadzutsa mutu ndipo mwendo wabwerera kuti amenye, bwererani mpira usanachoke. Wodikira kuti auone uli m'mwamba wachedwa kale, pakuti womwetsa zigoli akuthamanga choyang'ana kutsogolo pamene inu mukuyamba kutembenuka.

Apakati awiri asalowe pamodzi. Mmodzi akatuluka kukakumana ndi mdani, winayo atsike pang'ono chopingasa kumbuyo kwake, a m'mbali afinyikire mkati. Mpata wa pakati pa awiriwo ukapitirira mamita 10 kapena 15, mpira udutsa pomwepo. Wolamula mzere akhale mmodzi, ndipo mawu ake akhale aafupi: “kwera”, “tsika”, “kumanzere kwako”, “wanga”.

Msampha wa ofusayidi umafa kawirikawiri ndi wa m'mbali wa kutali ndi mpira, amene amatsalira sitepe imodzi akuonerera. Kumbukiraninso kuti mdani wolingana ndi wachiwiri kwa womaliza wa timu yanu sali ofusayidi, kuti manja sawerengedwa, ndiponso kuti palibe ofusayidi pa golokiki, pa kona ndi pa mpira woponya ndi manja. Kukweza dzanja n'kuima ndi chizolowezi choipa. Kumene kuli VAR, yomwe ndi njira yothandizira woimbira kudzera pa vidiyo, wothandizira woimbira wa pamzere amachedwetsa dala mbendera mpaka kuukirako kutatha.

Pa kona, ndi bwino kugwira munthu kapena kugwira malo?

Njira zonse ziwiri zimagwira ntchito, ndipo matimu ambiri amazisakaniza: odumpha bwino atatu kapena anayi amagwira malo kutsogolo kwa golo, ena amatsekereza othamanga. Pogwira munthu, vuto ndi kutchingidwa dala ndi mdani wina. Pogwira malo, vuto ndi kudumpha mutaima pamene mdani akubwera ndi liwiro. Mulimonsemo, imani moti mukuona munthu ndi mpira nthawi imodzi.

Menyani ndi chipumi, maso ali otsegula, khosi litalimba. Mpira upite m'mwamba, kutali ndi kumbali. Wobwezera pakati, pamzere wa bokosi, wapatsira mdani. Ukangochoka, tulukani nonse. Zigoli zambiri zimalowa pa mpira wachiwiri, otchinga akupumira m'mwamba kuti zatha.

Kona ya timu yanu ndi mwayi wanu wodziwika. Sergio Ramos anabweza chigoli ndi mutu pa kona m'mphindi ya 93 pa fainolo ya Champions League ya 2014 ku Lisbon, Real Madrid n'kudzagonjetsa Atlético Madrid m'nthawi yowonjezera.

Sabata ya katswiri imayenda bwanji?

Ngati masewero ali Loweruka lililonse, masiku awiri otsatira ndi opumitsa thupi. Lachiwiri ndi Lachitatu ndi olemetsa: kunyamula zitsulo, timasewero ta malo ochepa, kenako bwalo lonse. Lachinayi ndi la liwiro ndi kaimidwe ka timu. Lachisanu n'lalifupi, makamaka makona ndi mafirikiki.

Difenda amawonjezapo vidiyo. Asanakumane ndi womwetsa zigoli ayenera kudziwa mwendo umene amadalira, phewa limene amakonda kuzembera, ngati amabwera kudzalandira kapena amathawira kumbuyo, ndi kumene amathamangira pa kona.

Chenjerani ndi mankhwala. Chopezeka m'thupi mwanu ndi mlandu wanu, ngakhale munamwa osadziwa. Kolo Touré analetsedwa kusewera miyezi 6 mu 2011 atamwa mapiritsi ochepetsa thupi, ndipo Rio Ferdinand analetsedwa miyezi 8 chifukwa chosapita kukayezedwa mu 2003. Musamwe kanthu dokotala wa timu asanaone.

Bwanji osewera kumbuyo amachedwa kutchuka?

Womwetsa zigoli wa zaka 18 amalowetsedwa mphindi 15 zomaliza, akagoletsa dzina lamveka. Mphunzitsi sachita zimenezo ndi wapakati kumbuyo. Ngakhale lero timu imaloledwa kusintha osewera asanu, awiri apakatiwo sakhudzidwa pokhapokha wina atavulala. Kuwerenga masewero nakonso kumabwera ndi kuchuluka kwa masewero, ndiye ambiri amafika pachimake cha m'ma 27 mpaka 31.

Tanthauzo lake n'lakuti pa zaka 19 mpaka 22 chofunika ndi mphindi za m'bwalo, osati dzina la kalabu. Kusewera masewero 30 ku timu yaing'ono, ngakhale mutangobwerekedwa kuchokera ku kalabu yanu, kumaposa kukhala pabenchi ku timu yaikulu. Virgil van Dijk anadzera ku Groningen, anapita ku Celtic mu 2013, ku Southampton mu 2015, ndipo anafika ku Liverpool mu Januwale 2018 ali ndi zaka 26, pa mtengo wa mapaundi 75 miliyoni. Wamanzere ali ndi mwayi wowonjezera, chifukwa apakati omenya ndi mwendo wamanzere ndi osowa.

Ndiyang'ane chiyani ndisanasaine kontrakiti?

Malamulo a FIFA amati kontrakiti isapitirire zaka 5, ndipo kwa wosakwana zaka 18 isapitirire zaka 3. Ikatsala ndi miyezi 6 kapena kucheperapo, muli ndi ufulu wosainirana ndi kalabu ina. Ikatha mumachoka popanda mtengo wogulira, potsatira chigamulo cha mlandu wa Jean-Marc Bosman cha 1995. Pa nyengo imodzi mungalembetsedwe ku makalabu atatu, koma masewero ovomerezeka mungasewere ku awiri okha, kupatula pamene nyengo za maligiwo zikusemphana.

M'pepalamo onani tsiku loyamba ndi lomaliza, malipiro ngati ndi a msonkho usanachotsedwe kapena utachotsedwa, tsiku lolandirira, ndi amene adzalipire chipatala mukavulala. Onaninso ngati kalabu ili ndi mphamvu yowonjezera chaka payokha, komanso ngati malipiro amatsika timu ikatuluka mu ligi. Mabonasi a zigoli sapindulira difenda. Pemphani a masewero amene mwayamba ndi a masewero amene timu sinagoletsedwe. Lonjezo lapakamwa n'lovuta kulitsimikizira kubwalo la milandu. Musasaine pepala la chilankhulo chimene simumva, ndipo kope lanu losainidwa mutuluke nalo tsiku lomwelo.

Wina akuti anditengera kunja ndili ndi zaka 16. N'zoona?

Kawirikawiri ayi. FIFA imaletsa kusamutsa wosewera wosakwana zaka 18 kupita dziko lina. Zololedwa n'zochepa, monga makolo akasamuka pa zifukwa zosakhudza mpira, wa zaka 16 mpaka 18 akamasuntha m'kati mwa maiko a European Union, kapena ngati nyumba ndi kalabu zonse zili m'kati mwa makilomita 50 kuchokera pamalire. Munthu wofuna ndalama kwa makolo kuti akonze “mayeso” kunja, popanda kalata yochokera ku kalabu imene mungaitsimikize nokha, muthaweni. Ejenti weniweni amakhala ndi chiphaso cha FIFA.

Lembetsani ku bungwe la mpira la dziko lanu kuyambira muli mwana, ndi zaka zenizeni. Kalabu ikakugulani kunja, 5 peresenti ya mtengowo imagawidwa kwa matimu amene anakuphunzitsani kuyambira zaka 12 mpaka 23, ndipo amene sanakulembetseni sapeza kanthu. Kuchepetsa zaka kumagwidwa: kuyambira 2009 FIFA imajambula fupa la padzanja ndi makina a MRI pa mpikisano wa osapitirira zaka 17.

Kalabu sikundilipira. Ndingochoka?

Musangochoka, mlandu ungakutembenukireni. Kalabu ikalephera kulipira miyezi iwiri, ilembereni kalata yoipatsa masiku osachepera 15. Ikapanda kulipira zonse m'masikuwo, muli ndi chifukwa chovomerezeka chothetsera kontrakiti ndi kufuna chipukuta misozi. Pa nthawi yonseyi pitirizani kupita kokonzekera, ndipo sungani makalata ndi mapepala a kubanki. Ngati mukusewera kunja kwa dziko lanu, dandaulo limapita ku bwalo la FIFA, ndipo lisapitirire zaka ziwiri chichitikireni nkhaniyo. Bungwe la osewera la m'dzikomo, kapena FIFPRO, bungwe la osewera la dziko lonse lapansi, lingakuthandizeni kulemba.

Kuvulala kofala ndi kotani, ndipo kungapewedwe?

A m'mbali amavutika kwambiri ndi mnofu wa kuseri kwa ntchafu chifukwa cha liwiro. Apakati amavulala mphechepeche potambasula mwendo, akakolo potera, komanso nkhope ndi mutu pogundana. Choopsa kwambiri ndi kuduka kwa mtsempha wa m'kati mwa bondo wotchedwa ACL, kumene kumafuna opaleshoni ndi miyezi pafupifupi 9. Van Dijk unamudukira mu Okutobala 2020 pa masewero ndi Everton, ndipo nyengo yonseyo sanasewerenso.

Zopewera zilipo ndipo sizifuna zida. FIFA 11+ ndi ndondomeko yotenthetsa thupi ya mphindi 20, yochita kawiri pa sabata kapena kuposa. M'kati mwake muli zolimbitsa kuseri kwa ntchafu zotchedwa Nordic: mumagwada, mnzanu n'kukugwirani akakolo, inu n'kumagwera kutsogolo pang'onopang'ono thupi lili chilili, mpaka manja atakulandirani pansi. Yambani ndi maulendo atatu kapena asanu, chifukwa masiku oyamba zimapweteka.

Mnofu wa ntchafu umakonda kung'ambikanso m'masabata oyamba mutabwerera. Ululu umatha mnofu usanalimbe. Musabwerere musanathamange liwiro lanu lonse kangapo pokonzekera popanda kumva kanthu.

Kodi kumenya mpira ndi mutu kumawononga ubongo?

Funso ili ndi la difenda kuposa wina aliyense. Kafukufuku wa pa yunivesite ya Glasgow wa 2019 anapeza kuti akatswiri akale a mpira a ku Scotland ankamwalira ndi matenda oononga ubongo kuwirikiza pafupifupi katatu ndi theka poyerekeza ndi anthu ena. Zotsatira za 2021 zinaonetsa kuti kwa osewera kumbuyo chiopsezo chinali pafupifupi kasanu, pamene kwa magoloboyi sichinasiyane kwenikweni ndi cha anthu wamba. Chaka chomwecho mabungwe a mpira ku England analangiza kuti akatswiri asapitirire mahedi amphamvu 10 pa sabata pokonzekera.

Mahedi ambiri a moyo wa wosewera amamenyedwa kokonzekera, ndiye pochepetsa ndi pamenepo. Kaimidwe ndi nthawi yodumphira mungaziphunzire ndi mpira woponyedwa ndi manja chapafupi. Mukagundana mitu n'kumva chizungulire, mutu, nseru, kuona zinthu ziwiriziwiri kapena kuiwala zigoli, tulukani ndipo musabwererenso tsiku limenelo, ngakhale simunakomoke. Kubwerera kumayenda pang'onopang'ono, dokotala atavomereza.

Ndadzigoletsa ndekha. Ndiiwale bwanji?

Womwetsa zigoli akaphonya kanayi n'kugoletsa kamodzi amanyamulidwa m'mwamba. Difenda akachita bwino mphindi 89 n'kuterereka kamodzi, chithunzi chake ndicho chimazungulira pa intaneti. Ntchitoyi ndi yotero.

M'bwalo, mpira wotsatira ukhale wophweka: patsirani wapafupi, pambanani hedi imodzi. Choopsa ndi kufuna kubweza msanga, chifukwa ndi mmene anthu amalowera mosaganiza n'kuwonjeza khadi pa chigoli. Pa vidiyo, bwererani masekondi 10 chigoli chisanalowe. Nthawi zambiri cholakwa chili pamenepo, pa kaimidwe, osati pa mwendo umene unagunda mpira.

Kodi difenda angapate mphoto zikuluzikulu?

Mwa apo ndi apo. Beckenbauer anatenga Ballon d'Or, mphoto ya wosewera wopambana onse pa chaka, mu 1972 ndi 1976, Matthias Sammer mu 1996, Cannavaro mu 2006. Van Dijk anakhala wachiwiri kwa Lionel Messi mu 2019. Paolo Maldini, ndi zikho zake zisanu za makalabu a ku Ulaya, sanaitengepo. Chimene osewera kumbuyo amapatsidwa kawirikawiri ndi ukaputeni, monga Lucas Radebe, amene anachoka ku Kaizer Chiefs mu 1994 n'kudzatsogolera Leeds United.

Amasiya ali ndi zaka zingati, ndipo amatani pambuyo pake?

Apakati amakhalitsa kuposa a m'mbali, chifukwa liwiro likamatha kuwerenga masewero kumakhala kukukula. N'chifukwa chake a m'mbali ambiri amasamukira pakati akapitirira zaka 30. Maldini anatero: anayamba ku AC Milan mu 1985 ali ndi zaka 16, anasewera nthawi yaitali kumanzere, ndipo anapachika nsapato mu 2009 ali ndi zaka 40, atasewerera kalabuyo masewero 902. Thiago Silva anatenga Champions League ndi Chelsea mu 2021 ali ndi zaka 36, ndipo Pepe anasewera Euro 2024 ali ndi zaka 41. Amenewa ndi ochepa. Ambiri amasiya asanafike 35, ena kale kwambiri chifukwa cha bondo kapena kusowa kontrakiti.

Uphunzitsi umawayanja, popeza zaka zonsezo amakhala akuona bwalo lonse kutsogolo kwawo ndi kulamula anzawo. Stephen Keshi anatenga chikho cha maiko a mu Africa ngati kaputeni wa Nigeria mu 1994 ndiponso ngati mphunzitsi mu 2013. Walid Regragui, amene ankasewera kumbuyo kumanja, anafikitsa Morocco mu semifainolo ya Chikho cha Dziko Lonse mu 2022, ndipo Vincent Kompany anakhala mphunzitsi wa Bayern Munich mu 2024. Koma dzina lokha silikupatsani benchi. Pamafunika ziphaso za CAF kapena UEFA, mabungwe a mpira a mu Africa ndi ku Ulaya, zimene zimakwera kudzera pa C, B ndi A mpaka Pro, ndipo pakati pa chiphaso china ndi chinzake amafuna kuti mukhale mutaphunzitsapo timu kwa nthawi yoikika. Zoyambirirazo zitengeni mukadasewera, pa tchuthi cha pakati pa nyengo, muziphunzitsako timu ya achinyamata ya kalabu yanu kuti nthawiyo iyambe kuwerengedwa.